"Ameneyo si mlongo wanga": za mbiri zobwereka za oimba athu

Tsiku lomwe tidaika m'manda atsibweni anga, m'mudzi wina kufupi ndi Kachebere m'boma la Mchinji, amayi anga adayankhula mawu omwe mpaka lero sakuchoka m'mutu mwanga.

Mwambo udali utafika poti mbiri ya malemu iwerengedwe. Mwana wa mlongo wanga, mnyamata yemwe wangolemba kumene mayeso a Fomu 4, adaimirira pepala lili m'manja n'kuyamba kuwerenga mokweza bwino, m'Chichewa chosalala ngati cha pawailesi. Adati malemuwo adabadwira m'banja losauka koma loopa Mulungu, adayamba kuimba ali wamng'ono m'kwaya ya kutchalitchi, adali katswiri pa gitala, ndipo adayenda maiko ambiri kusangalatsa anthu ndi luso lawo. Anthu obwera kutali ankangogwedeza mitu. Amayi, omwe adali pamphasa pafupi ndi bokosi, adatembenukira mnzawo n'kufunsa, koma mokweza moti ngakhale ife kuchigulu cha abambo tidamva: "Kodi tikuika yani pano? Ameneyo si mlongo wanga."

Ankanena zoona. Atsibweni sadaimbepo m'kwaya, ndipo kutchalitchi ankapitako pa Khirisimasi ndi pamaliro basi. Gitala sadakhalepo nayo. Chida chawo chidali banjo yopanga okha, ya chigubu cha mafuta, chikopa cha mbuzi ndi mawaya a mabuleki a njinga. Ankaimba pamowa, paukwati ndi pamsika. Dziko lakunja lomwe adapondako ndi Zambia yekha, ndipo ife akuno tikudziwa kuti kupita ku Zambia n'kudumpha mizere ingapo ya m'munda.

Madzulo anthu atabalalika ndidamuitana mnyamatayo kuseri kwa nkhokwe.

"Iwe, mbiri ija udaitenga kuti?"

"Atsibweni, sindidakopere ayi. Mawu onse ndidasintha."

Adatulutsa foni n'kundionetsa. Idali mbiri ya woimba wina wotchuka, yolembedwa m'Chingerezi pa intaneti. Iye adachotsa dzina, mudzi ndi zaka, n'kuika za agogo ake, kenaka adayenda mzere ndi mzere kusintha liwu lililonse ndi linzake lofanana nalo. Pomwe padali "wotchuka" adaika "katswiri", pomwe padali "adazungulira" adaika "adayenda". Sadaone cholakwa chilichonse. Ndipo kunena chilungamo, mlandu sudali wake yekha. Adauzidwa pakati pa usiku pasiwa kuti pofika m'mawa mbiri ikhale italembedwa, poti ndiye wasukulu, ndipo akuluakulu tonse tidali kalikiliki ndi za bokosi, ufa ndi adzukulu. Palibe adakhala naye pansi.

Ndalemba nkhaniyi chifukwa zomwe adachita mwanayu pamaliro akumudzi ndizo zikuchitika tsiku ndi tsiku ndi mbiri za oimba athu akuluakulu. Lucius Banda atamwalira ku South Africa pa 30 June 2024, ndidawerenga mbiri yake kambirimbiri pa Facebook ndi m'magulu a WhatsApp. Maina a olemba adali osiyana, koma mbiriyo idali imodzi: kubadwa ku Balaka mu 1970, kuyamba kuimba mu Alleluya Band ndi mkulu wake Paul Banda, chimbale choyamba cha Son of a Poor Man, kukhazikitsa Zembani Band, kulowa ndale. Ziganizo zake zidali zondondozana chimodzimodzi, kungoti wina walemba "mkhalakale", wina "katakwe", wina "namatetule". Ukawerenga zisanu umakhala ngati wadya ndiwo zomwezo zotenthetsa kasanu, uku akukuuza kuti aliyense waphika zake.

Wina anena kuti palibe vuto bola mfundo zili zoona. Komatu vuto lilipo, chifukwa mawu awiri ofanana ndendende ndi osowa kwambiri, m'Chichewa ngakhale m'chiyankhulo china chilichonse. Tsegulani Mtanthauziramawu wa Chinyanja womwe a Centre for Language Studies adatulutsa m'chaka cha 2000, muone ngati "kuseka" ndi "kumwetulira" ali chinthu chimodzi, kapena "kupempha" ndi "kupemphetsa". Mawu amakhala pachibale, koma aliyense ali ndi khomo lake.

Taonani dzina loti Soldier lomwe Lucius ankadziwika nalo. Adatchedwa choncho kaamba koimba momenyera nkhondo amphawi. Munthu wongosintha mawu, yemwe sakumudziwa, akafika pamenepo alemba kuti "msilikali", wotsatira wake alemba "yemwe adali msilikali", ndipo wachitatu adzauza ana athu kuti woimbayu adagwirapo ntchito ku Kamuzu Barracks. Daniel Kachamba wa ku Chileka anthu ankamutchula kuti Dokotala Kachamba. Mnzake wa liwu loti dokotala ndi sing'anga. Mukuona komwe tikulowera.

Izi n'zoseketsa, koma pali pena pomwe kuseka kumatha. Chichewa chili ndi mawu ambiri onenera imfa: adamwalira, adatisiya, adatsogola, adatsikira kulichete. Onsewa ndi aulemu, ndipo pamaliro timawafuna. Koma Evison Matafale adamwalira pa 27 November 2001 ali m'manja mwa apolisi, atamangidwa kaamba ka kalata yodzudzula boma la nthawiyo, ndipo nkhani yake idavuta mpaka Pulezidenti Bakili Muluzi adakhazikitsa komiti yofufuza za imfayo. Wolemba akachotsa mawu oti "ali m'manja mwa apolisi" n'kungoti "adatisiya mu 2001", wafufuta chinthu chomwe Amalawi ambiri amamukumbukira nacho Matafale. Akatembenuzira mbali inayo n'kulemba mwachidule kuti "adaphedwa", waweruza mlandu womwe sadaufufuze. Mawu enieniwo ndi aja aataliwo, ndipo alibe mnzake wolowa m'malo.

Chimodzimodzi Alick Nkhata, woimba komanso muulutsi wa pawailesi ya ku Lusaka yemwe makolo athu kuno kumalire ankamumvera kwambiri. Adafa mu 1978 pomwe asilikali a Rhodesia adaukira msasa wa omenyera ufulu wa Zimbabwe pafupi ndi munda wake ku Mkushi. Mbiri yongoti "adamwalira mu 1978" siyabodza, koma yataya nkhondo yonse yomwe idamudya.

Kuno ku Kachebere tili ndi chitsanzo chathuchathu. Seminale yaikulu yomwe ansembe a chipani cha White Fathers adatsegula mu 1939 idaphunzitsa anyamata a mbali zonse ziwiri za malire, ndipo mmodzi mwa iwo adali Emmanuel Milingo wa kuchigawo chakummawa kwa Zambia. Adadzozedwa unsembe mu 1958, adakhala arkiepiskopi wa Lusaka mu 1969, ndipo ambiri sadziwa kuti m'zaka za m'ma 1990 ali ku Italy adajambulanso nyimbo, kuphatikizapo chimbale chotchedwa Gubudu Gubudu. Za kuchoka kwawo pampando wa Lusaka mu 1983, mudzapeza wina walemba kuti "adatula pansi udindo", wina "adachotsedwa", wina "adasamutsidwira ku Roma". Kwa wosintha mawu atatuwa ndi amodzi. Kwa anthu omwe adaikonda kapena kuida ntchito yawo yamachiritso, liwu lililonse pamenepa likuima mbali yake pamkangano womwe udagawa anthu. Wolemba ayenera kudziwa liwu lomwe wasankha ndi chifukwa chake.

Ndibwerere ku banjo, poti ndi yomwe idawawa amayi kuposa zina zonse. Mnyamata uja adati adalemba "gitala" chifukwa limamveka laulemu, banjo ndi yakumudzi. Komatu Allan Namoko wa ku Thyolo, bambo wosaona yemwe nyimbo zake ndi Chimvu River Jazz Band zidalira pa MBC kwa zaka zambiri, adamanga dzina lake pa banjo. Gasper Nali wa ku Nkhata Bay ndi Yobu Maligwa wa Madalitso Band afika kutsidya kwa nyanja ndi babatoni, chida chachitali cha chingwe chimodzi. Azungu omwe amalipira kuti akawaonere kumeneko amafuna babatoniyo. Bangwe, kaligo, sansi, mangolongondo: chilichonse chili ndi kapangidwe, kaimbidwe ndi dera lake. Ukazitcha zonse "zida zachikhalidwe", kapena kukweza banjo kuti ikhale gitala, mdzukulu wofuna kudziwa zomwe agogo ake ankaimba adzasowa pogwira.

Palinso za ndalama, ndipo apa oimba eniake atchere khutu. "Kuimba" nyimbo ndi "kupeka" nyimbo ndi ntchito ziwiri. Nyimbo ya fuko lathu timaimba tonse, koma adapeka ndi Michael Sauka. Patience Namadingo atajambula nyimbo zosakaniza ndi a Giddes Chalamanda mu 2020, ndipo Linny Hoo itafalikira padziko lonse kudzera pa TikTok, mwini nyimboyo adali a Gide omwewo, nkhalamba ya ku Chiradzulu yobadwa mu 1930. Wolemba wina akasintha "adaimba" kukhala "adapeka" pofuna kuti chiganizo chake chisafanane ndi cha mnzake, wasamutsa munda kuchoka kubanja lina kupita kubanja lina. Bungwe la COSOMA, lomwe lidakhazikitsidwa mu 1992, limagawa ndalama poyang'ana kuti wopeka ndani, woimba ndani, wojambula ndani. Zoona, bungweli limayendera zolembetsa za eni nyimbo, osati nkhani za pa Facebook. Koma woimba wakumudzi yemwe sadalembetsepo kanthu, akamwalira, umboni wotsala ndi zomwe anthu adalemba ndi zomwe akukumbukira. Bodza likalembedwa kakhumi limayamba kuoneka ngati kaundula.

Lamulo la zaumwini wa ntchito zaluso la 2016, lomwe lidalowa m'malo mwa la 1989, limateteza zolembalemba monga momwe limatetezera nyimbo. Mfundo yoti munthu adabadwa chaka chakuti ilibe mwini, aliyense akhoza kuinena. Koma mtolankhani yemwe adakwera minibasi kupita ku Chileka, n'kukhala tsiku lonse pakhonde kufunsa achibale a woimba, n'kusanja nkhani yake, ali ndi thukuta m'nkhanimo. Kutenga nkhani yakeyo, kuivula malaya n'kuiveka ena, kenaka kusainapo dzina lako, n'chimodzimodzi kuba mbuzi ya mnzako n'kuidula khutu kuti asaizindikire. Mbuziyo ndi yomweyo, ndipo ikamalira mwini wake amaidziwa.

Khalidweli si lathu lokha. Ku England kuli buku lakale la mawu ofanana lomwe Peter Mark Roget adasindikiza mu 1852. Mu 2014 mphunzitsi wina wa payunivesite ya Middlesex, Chris Sadler, adadandaula poyera kuti ophunzira ena akumakopera ntchito za anzawo n'kusintha mawu mwa njira imeneyi kuti makina ogwira okopera asawapeze. Pa pepala lina, mawu a Chingerezi otanthauza "kusiyidwa m'mbuyo" adasanduka mawu otanthauza "matako oopsa". Mu 2021 Guillaume Cabanac wa ku Toulouse ku France ndi anzake adapeza nkhani mazanamazana za sayansi zokhala ndi mawu opotoka chotere, momwe khansa ya m'mawere idasanduka "ngozi ya pachifuwa". Ngati anthu a madigiri akugwa m'mbuna imeneyi, mwana wa Fomu 4 wogwira foni pasiwa usiku sindingamudabwe. Lero ntchitoyi makompyuta akuichita m'kuphethira kwa diso, ndipo Chichewa chomwe amatulutsa nthawi zina chimakhala chosalala moti bodza lake silionekera msanga.

Ndili ndi kachifukwa ndi ife aphunzitsi ndi makolo. Timauza ana kuti "lemba m'mawu akoako", koma sitiwaonetsa kuti zimenezi zimatheka bwanji. Mwana amamva ngati tamuuza kuti asinthe liwu lililonse. Chomwe timatanthauza n'choti awerenge, amvetse, atseke bukulo, aganize, kenaka afotokoze monga angafotokozere mnzake panjira yopita kuchigayo. Munthu womvetsa nkhani amadziwa mawu omwe angasinthe ndi omwe sayenera kuwakhudza. Amadziwanso kuti kutchula komwe watenga mfundo sikumuchepetsa.

Mbiri zabwino za oimba athu zilipo, ndipo zidabwera ndi miyendo. Gerhard Kubik wa ku Vienna adakumana ndi Daniel ndi Donald Kachamba mu 1967. Adabwerera kwa iwo kwa zaka zambiri, kujambula, kufunsa, kuimba nawo, mpaka adalemba buku lonse la bandi yawo. Moya Aliya Malamusi wa m'mudzi wa Singano komweko ku Chileka adatha zaka akuyenda m'midzi kujambula oimba omwe wailesi sidawadziwe. N'chifukwa chake lero tikudziwa za kwela ya a Kachamba kuposa momwe tikudziwira za oimba ambiri omwe adamwalira dzana. Kuno ku Mchinji, ndani akulemba za oimba ng'oma za gule, otsogolera nyimbo za chimtali, kapena akuluakulu a ingoma kwa Zulu ndi kwa Mlonyeni? Ambiri mbiri yawo yonse idzakhala kapepala ka pamaliro kaja, ndiye kapepalako kakakhalanso kobwereka, kwatha.

Patatha sabata ziwiri chichitikire maliro, ndidamutenga mnyamata uja kupita naye kwa amayi. Ndidamugulira kope la mapeji 40 ndi bolopeni. Amayi poyamba adakana. "Si mudalemba kale? Pitani mukafunse foniyo." Tidakhala chete pakhonde kwa kanthawi, iye akusenda mtedza womwe adampatsa. Kenaka adayamba okha.

Adatiuza kuti mlongo wawo adathawa kubusa ng'ombe ali mnyamata, nthawi ya chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, n'kukalowa ntchito m'minda ya fodya ya azungu kutsidya kwa malire. Kumeneko ndiko adaona banjo koyamba, m'manja mwa kapitawo wina wachinsenga yemwe sankalola munthu kuikhudza. Mnyamatayo ankakhala patali madzulo kuyang'ana zala za kapitawoyo, usiku n'kumayeserera pa kathabwa komwe adakhomapo mawaya. Nyimbo zoyamba zomwe adadziwa zidali za pawailesi ya ku Lusaka. Atabwerera kumudzi adabwera ndi bulangete limodzi, fosholo ndi banjo, ndipo bambo awo adakwiya kwambiri poona kuti ndalama za zaka ziwiri zathera pamenepo. Banjo yoyambayo adaiswa ndi mpini wa khasu. Yachiwiri adaibisa kwa azakhali awo kwa chaka chathunthu.

Adatiuzanso zomwe ine mwini, mwana wa mlongo wawo, sindidazidziwe. Mkazi woyamba wa atsibweni adawapeza paukwati wa munthu wina komwe adaitanidwa kukaimba, ndipo malipiro a tsikulo adali nkhuku ndi chipanda cha mowa. Nyimbo yomwe anthu akuno amaikonda, yonena za kapitawo wouma mtima, adaipeka okha, ndipo kapitawo wake ndi yemwe uja wa banjo. Mwana wawo wachiwiri atamwalira adakhala zaka zitatu osagwira chidacho, chili chopachika kudenga mpaka chikopa chidadyedwa ndi makoswe. Yemwe adawabwezera kuimba adali amayi omwewa, powapempha kuti adzaimbe pachinkhoswe cha mlongo wanga, mayi wake wa mnyamata yemwe ankalembayu. Apa bolopeni idaima kaye.

Adalemba mapeji 11 tsiku limenelo. Chichewa chake sichidali chosalala ngati cha pamaliro chija. Mudali mofufutafufuta, ndipo zaka zambiri zidalembedwa monga amayi adazinenera: chaka cha dzombe, chaka chomwe njanji idafika kuboma, chaka chomwe adamanga mlatho. Ndidamuuza kuti cha njanjicho tikhoza kuchipeza, poti sitima idafika ku Mchinji mu 1980, koma zinazo azisiye momwemo kufikira titafunsa ena.

Pomaliza adawawerengera agogo ake zomwe adalemba kuti amve ngati zili bwino. Atafika poti "adakagwira ntchito m'minda ya fodya ku Chipata", amayi adakweza dzanja.

"Ku Chipata sadakagwireko ntchito. Adapita ku Fort Jameson."

"Agogo, si malo amodzi omwewo? Adangosintha dzina."

"Malo ndi amodzi, mwana wanga. Koma ku Chipata umapita iwe pa kabaza kukagula zitenje. Ku Fort Jameson ankapita wapansi, chitupa cha msonkho chili m'thumba, ndipo ukakumana ndi mzungu umavula chipewa. Kuno kuboma kudali ku Fort Manning. Lemba momwe ndanenera."

Mnyamatayo adafufuta n'kulemba Fort Jameson. Kopelo talisunga m'chikwama cha amayi pamodzi ndi makadi a sikelo a zidzukulu, ndipo tagwirizana kuti adzawerenga yekha tsiku lomwe tidzamange chiliza, tikakolola. Banjo ili kwa ine. Waya umodzi udaduka, ndipo sindidapezebe munthu m'mudzi muno wodziwa momwe atsibweni ankaichunira.